Mwana wanga watha chaka pa sukulu ya boma, ndikuipatsa nyenyezi zitatu pa zisanu

Ndiyambe ndi kuulula, sindinamupititse kumeneko chifukwa chokonda dziko langa ayi, ndalama zinandithera basi. Kwacha itagwetsedwa ndi 44 peresenti mu November 2023 muja, kapulaiveti komwe amaphunzira kanakweza fizi kawiri m'chaka chimodzi, kalata yake yachizungu chokoma ngati akukupepesa chonsecho akukuvula malaya, ndiye pofika September 2024 ine ndi mayi akunyumba tinangoyang'anana nkuti basi, akayambe sitandade 4 pa pulaimale ya boma ya m'dera lathu lino ku Lilongwe kuno. Dzina la sukulu sinditchula, pali zina ndinene pano zoti ahedi atha kundidziwa ndipo mwana akadali pompo kkkk.

Kulembetsa kunali kosavuta kwenikweni. Ndinapita ndi kalata ya transifa ndi lipoti la teremu yomaliza, ahedi anayang'ana, anafunsa dzina la mfumu ndi boma lomwe timachokera, nkulemba m'chibuku chachikulu chija, mphindi khumi zokha mwana walembedwa. Palibe intaviyu, palibe ndalama ya fomu, palibe zoti yunifolomu mugule pompano pa ofesi. Anati yunifolomu mukasoketse kwa telala aliyense bola mtundu ufanane, ndipo ngakhale isanasokedwe mwana azibwera. Apa ndiye ndinapuma. Koma mawu oti pulaimale ya boma ndi yaulere aja muziwamva mwanzeru, chifukwa sabata isanathe kunabwera kapepala ka ndalama ya chitukuko, ati ya mlonda ndi bilu ya madzi, kenako ina yosindikizira mayeso, kenako tsache, kenako mwana aliyense abweretse nkhuni imodzi. Sindikunama, zonse pamodzi chaka chonse sizinafike ngakhale pa fizi ya mwezi umodzi ya kuja tinachoka, ine sizinandiwawe, koma ndinaonapo mayi wina pa geti akukambirana ndi wa komiti kuti apereka akagulitsa tomato, nkhope ili pansi, ndinazindikira kuti kandalama komwe ine ndikukatcha kochepa kwa wina ndi ndiwo za masiku atatu.

M'kalasimo ndiye eee. Ndinakasuzumira tsiku lachitatu. Ana opitirira 100 m'chipinda chimodzi, onse pansi pa simenti yokumbikakumbika, madesiki alipo koma ndi a sitandade 7 ndi 8, enawa amakhala mondondozana miyendo ya wina kumsana kwa mnzake, kope pa bondo. Boma limanena kuti mphunzitsi mmodzi azikhala ndi ana 60, kaya ndi kuti kumeneko. Mwana wanga tsiku loyamba anabwera siketi ili mbuu, akulira kuti adadi kulibe mipando, mawa lake mayi ake anamupatsa kachitenje kakale koyala ndipo mpaka lero kamakhala m'chikwama limodzi ndi makope. Mabuku owerenga amagawana gulu, buku limodzi mitu isanu kapena isanu ndi umodzi, wina amaliwerenga chozondoka chaka chonse. Zimbudzi sindikufuna kulankhulapo zambiri, nyenyezi imodzi yathera pamenepo, mwana amadzigwira mpaka kunyumba ndipo mpopi umodzi womwe ulipo umatuluka madzi ukafuna wokha.

Nyenyezi ina yapita chifukwa cha chizungu. Kuja amachokera kunali lamulo loti ukayankhula Chichewa pa sukulu ulipira, ndiye amabwera kunyumba akutilankhula chizungu cha m'mphuno ife nkumanyadira. Pano chabwerera m'mbuyo, sindibisa. Lamulo la maphunziro la 2013 limati ana aziphunzitsidwa m'Chingerezi, koma pitani mukamve nokha, madamu amalemba pa bolodi m'chizungu nkumasulira zonse m'Chichewa, ndipo sindingawadzudzule, ana handiredi omwe kwawo chizungu amachimvera pa wailesi pokha mungawaphunzitse bwanji kugawa manambala m'chiyankhulo choti sakuchimva. Vuto ndi loti kutsogoloku mayeso a MANEB sadzamva zimenezo, a sitandade 8 kupatula pepala la Chichewa ndi chizungu chokhachokha, ndipo ku MSCE ukalephera English satifiketi palibe olo masamu utakhoza bwanji. Ndiye panopa ndikulipira pati taimu masana kwa mphunzitsi wina wopuma ntchito, ndalama ina imeneyo pa sukulu yaulere.

Tsono poti ndadandaula mokwanira, ndinene chomwe chandipangitsa kuti ndilembe zonsezi, chifukwa zikanakhala za zimbudzi zokha sindikanataya bandulo yanga.

Lolemba lina ndinamuperekeza m'mawa chifukwa kunali matope, ndinafika nthawi ya asembule ndiye ndinaima kuseri kwa mtengo wa mkesha kudikira kuti ndionane ndi madamu ake. Mnyamata wa sitandade 8 anamenya belu, belu lake ndi limu yagalimoto yopachika pa mtengo, ndendende ngati ya kwathu ku Ntcheu zaka 30 zapitazo, ana nkuthamanga kukafola mizere, ena osavala nsapato, ena masilipasi, ena nsapato zopolisha bwino, makapu a phala ali m'manja ena atawamangirira pa chikwama ndi chingwe. Mbendera inakwera pang'onopang'ono pa chitsulo chopindika, yakuda yofiira yobiriwira koma yosuluka ndi dzuwa, kenako mphunzitsi wina wamwamuna anangokweza dzanja, ana masauzande nkuyamba nyimbo ya fuko m'Chichewa. Abale inu. Sanali kuyimba mokoma ayi, ang'onoang'ono a sitandade 1 amangokuwa mawu osawadziwa nkomwe, kumbuyo kumatsalira kutsogolo kwatha kale, koma thupi langa linachita tsembwe. Ndinamuona wanga pakati pa mzere, manja ali m'mbali, kukamwa kuli yasa, akuyimba ndi mtima wonse nyimbo yomwe kupulaiveti kuja amangodziwa ndime yoyamba yachizungu basi.

Ine ndine wa gulu la 1994. Amene munabadwa m'mbuyo muno simungamvetse chomwe chinachitika chaka chimenecho. A Bakili Muluzi atangowina chisankho mu May analengeza kuti pulaimale ndi yaulere, sukulu zitatsegulidwa ana anachoka pa 1.9 miliyoni kufika cha m'ma 3 miliyoni, m'teremu imodzi. Kwathu mudzi wonse unakhamukira ku sukulu. Ine ndinali ndi zaka 7 koma m'kalasi mwathu, ndikati kalasi ndikunena pansi pa mtengo wa mkuyu bolodi atalitsamiritsa pa thunthu, munali achimwene anga omwe anasiya sukulu kalekale chifukwa cha fizi, ndevu zitayamba kale kumera, atakhala pambali panga tonse tikuti a e i o u. Mvula ikangoyamba kudontha ndiye kuti taweruka. Aphunzitsi athu anali mnyamata wa m'mudzi woyandikana nafe yemwe anangomaliza folomu 4, mmodzi mwa aja boma linawalemba mwachangu masauzandemasauzande nkuwaphunzitsa masabata ochepa okha, maphunziro enieni a uphunzitsi anadzawapeza pambuyo kudzera mu pulogalamu ya boma yophunzitsa aphunzitsi yotchedwa MIITEP akugwira kale ntchito. Anthu amanyoza kuti maphunziro analowa pansi nthawi imeneyo, mwina ndi zoona, koma ine bambo anga sakanakwanitsa kulipirira ana asanu ndi mmodzi, ndipo popanda mkuyu umene uja bwenzi pano ndisakulemba izi. Ndiye ndikamadandaula za ana 100 m'kalasi ndimadziwanso kuti ineyo ndinali mmodzi mwa odzadzitsawo.

Pansi pa mtengo umene uja ndi pomwe ndinamva koyamba kuti kuli malo otchedwa Chitipa ndi Nsanje ndipo onsewo ndi kwathu. Ndisanapite ku sukulu ndimadziwa kuti ndine Mngoni wa kwa mfumu yakutiyakuti, malire a Mozambique anali kungodumpha msewu, anthu a tsidya linalo timayankhula chimodzimodzi, timagula pa msika umodzi, maliro timayendera limodzi. Amene anandiuza kuti iwe ndi Mmalawi ndipo uyo wa tsidya la msewu ndi wa dziko lina anali mphunzitsi ndi mapu ojambula pa bolodi ndi choko, nyanja yaitali kumanja, Shire akutsikira pansi, phiri la Mulanje, Nyika kumtunda. Tinaloweza maboma onse, tinaloweza John Chilembwe 1915, 3 March 1959, 6 July 1964. Lero mwana wanga akuloweza zomwezo ndipo mwana wa ku Karonga ndi wa ku Mangochi akulowezanso zomwezo kuchokera m'buku lomwelo lolembedwa ku Domasi, ku Malawi Institute of Education. Palibe chinthu china cha boma chomwe chimafika pa mwana aliyense tsiku ndi tsiku chonchi, chipatala umapita ukadwala, polisi ukapalamula, koma sukulu ndi m'mawa uliwonse zaka 8.

Agogo anga aamuna ankanena kuti nthawi yawo sukulu sinali ya dziko, inali ya mpingo. Ukaphunzira kwa a Dutch omwe anayambira ku Mvera mu 1889 nkudzakhazikika ku Nkhoma umatuluka wa a Dutch, ukaphunzira kwa Akatolika umatuluka Mkatolika, ku mpoto kunali a Livingstonia a Robert Laws ndi sukulu yawo yotchuka ija ya ku Khondowe, ku Likoma kunali a Anglican, ku Blantyre a Scotland enanso, aliyense ndi silabasi yake ndi katekisimu wake. Asilamu ambiri ana awo sankawatumiza nkomwe poopa kuti akawabatiza, ndipo bala limenelo m'maboma ena likuonekabe mpaka pano. Boma la atsamunda linadzatsegula dipatimenti ya maphunziro mu 1926, patatha zaka 50 amishoni akuphunzitsa okha, ndipo sekondale yoyamba ya boma, ya Dedza, inatsegulidwa mu 1951. Tangoganizani, zaka 13 zokha ufulu usanabwere. Ndiye zoti mwana wa Msilamu ndi wa CCAP ndi wa Mkatolika akhale pa simenti imodzi kuwerenga buku limodzi si zakale ayi, ndi zadzulodzulo.

Ndipo ndi zomwe ndaziona pa mwana wanga chaka chino. Mnzake wapamtima panopa ndi kamtsikana ka Chiyawo kovala hijabu, bambo ake amasoka zovala pa msika, nthawi ya Ramadan wanga anabwera kunyumba akufunsa ngati nayenso angasale kudya mpaka 12 koloko kuti amuthandize mnzake kkkk. Muli wina wa Chisena yemwe banja lawo linasamuka ku Lower Shire madzi a Freddy atawakokolera zonse mu 2023, ameneyo anawaphunzitsa anzake mawu a Chisena omwe ndikukayika ngati ali abwino. Muli kamnyamata ka madiredi, poti khoti lalikulu ku Zomba linagamula mu 2023 kuti ana a Chirasta asamabwezedwe m'sukulu za boma chifukwa cha tsitsi. Kupulaiveti kuja anzake onse anali ana a anthu ofanana, obwera pa galimoto, lanchi bokosi ya soseji, tchuthi ku Salima. Kuno waphunzira kugawana chigumu pawiri, waphunzira fulaye ndi phada, akudziwa kuti mnzake akapanda kubweretsa kapu ya phala umamwa mwachangu nkumubwereka yako. Phala limenelo, la Likuni lija, amaphika ndi amayi a m'dera mongodzipereka, amafika kusanache kudzakoleza moto, ndipo madamu anandiuza kuti tsiku lomwe ufa watha kalasi imachepa yokha. Za phala m'sukulu ambiri timazidziwira kwa a Mary's Meals omwe anayambira konkuno ku Malawi mu 2002.

Koma nkhani ya umodziyi ndinaikamba monyadira pamaso pa apongozi anga pa Khrisimasi, ndinanong'oneza bondo. Mayi akunyumba kwawo ndi ku Rumphi, bambo awo ndi mphunzitsi wopuma, munthu wofatsa wovala jekete olo kutenthe. Anandisiya ndilankhule mpaka nditathe, kenako anati, mkamwini, umodzi mukuunenawo ife tinaulipira. Anandikumbutsa kuti mu 1968 msonkhano wa chipani cha MCP unagamula kuti Chinyanja chizitchedwa Chichewa ndipo chikhale chiyankhulo cha dziko pambali pa Chingerezi, Chitumbuka nkuchotsedwa m'sukulu ndi pa wailesi, mwana wa ku Mzimba amayenera kulemba mayeso a chiyankhulo chomwe amayi ake sachiyankhula, kupikisana ndi mwana wa ku Dowa yemwe anayamwira chomwecho. Pa wailesi ya MBC Chitumbuka chinadzabwerera mu 1994. Kenako anakamba za 1989, pomwe a Kamuzu analamula kuti aphunzitsi abwerere ku zigawo za kwawo, ati a ku mpoto amaphunzitsa dala moipa ana a pakati ndi kummwera. Iwo nthawi imeneyo amaphunzitsa ku chigawo chapakati zaka zambiri, ana awo anabadwira komweko, munda anali nawo, kwaya ya pa tchalitchi amatsogolera ndi iwo, anakwezedwa lole ndi katundu yense. Anati ana a kalasi yawo anathamangira loleyo mpaka pa mlatho. Sanakweze mawu pokamba zimenezi, amangopukuta magalasi awo. Za kota yosankhira ana ku yunivesite, yomwe inathetsedwa mu 2020, sanafune nkuyamba komwe, anangoti imeneyo tidzakamba tsiku lina.

Chinandipweteka kwambiri ndi chomwe chinachitika madzulo ake. Anamuitana mdzukulu wawo nkumufunsa m'Chitumbuka kuti sukulu ikuyenda bwanji, mwana anamva ndithu koma anayankha m'Chichewa, Chichewa chake cha ku Lilongwe chothamanga chija. Agogo anaseka nkuti mwaona, sukulu yagwira ntchito yake. Ine pamenepo ndinasowa poyang'ana. Chifukwa ndi zoona, chomwe ine Mngoni woyankhula Chichewa ndimachiona ngati kulumikiza dziko, kwa iwo ndi mdzukulu amene sangathe kucheza nawo m'chiyankhulo chawo, komanso ife Angoni a ku Ntcheu tingalankhule chani poti chathu chinatha kalekale timangochimvera m'nyimbo za ngoma. Mu 1996 unduna unanenapo kuti sitandade 1 mpaka 4 ana aziphunzira m'chiyankhulo cha kwawo, koma mabuku a Chitumbuka, Chiyawo, Chilomwe kapena Chisena oti afike m'kalasi iliyonse sanaoneke, zinathera pa pepala. Sindikuti Chichewa chichoke, popanda icho kamtsikana ka Chiyawo kaja ndi wa Chisena uja ndi wanga bwenzi akulankhulana ndi manja, koma phunziro limodzi pa sabata loti mwana amveko ziyankhulo zina za dziko lake lomwe lingaphe ndani.

China chomwe chimandidya ndi ichi. Pa msonkhano wa makolo ndinayang'ana anthu omwe tinakhala nawo, ogulitsa makala, a kabaza, alonda, amayi a zitumbuwa, ife a ntchito zing'onozing'ono za m'tauni. Palibe bwana olo mmodzi. Amene amakonza bajeti ya maphunziro ana awo sali kuno, ali kuja amalipira m'madola, ena akulemba mayeso a Cambridge osadziwa nkomwe kuti MANEB ili ku Zomba. Izi sizinayambe lero, a Kamuzu omwe anamanga Kamuzu Academy ku Mtunthama mu 1981 ana nkumaphunzira Latin ndi Greek pomwe ena tikukhala pa miyala, kungoti kuja poyamba amatengako ana anzeru a m'boma lililonse olo akhale osauka. Pano ndi thumba lako basi. Ndiye sukulu ya boma ikumangadi mtundu umodzi, koma ndi mtundu wa ife okhala pansi, enawo akukula m'dziko lawolawo lomwe lili mkati mwa dziko lomweli, tidzakumana nawo akadzakhala mabwana a ana athu. Ndikunena izi ndikudziwa kuti nanenso kwacha ikanapanda kugwa bwenzi ndili konko ndikunyadira chizungu cha m'mphuno.

Nyenyezi zitatu zomwe zatsalazo, imodzi ndi ya asembule ija ndi anzake omwe wapeza, imodzi ndi ya mtengo wake poti chilungamo thumba langa lapumako, yachitatu ndi ya madamu a sitandade 4B paokha. Mayi ameneyu sindikudziwa amatha bwanji. Amakhala pa khonde nthawi ya buleki, mulu wa makope kufika m'chiuno, ana ali pa mzere, cholembera chofiira chikungoyenda, kwinaku akuweruza mlandu wa pensulo yobedwa, kwinaku akutuma wina kukaitana a mother group, amayi a m'dera oyang'anira atsikana pa sukulu, chifukwa mtsikana wina wajomba sabata yathunthu. Mayina a ana onsewo amawadziwa, ndinayesa dala kufunsa za wanga osatchula kalasi, anandiuza pompo kuti ndi uja amakhala kufupi ndi zenera, kuwerenga ali bwino koma matebulo a 7 ndi 8 akumuvuta, mukamuthandize kunyumba. Kupulaiveti kuja m'kalasi munali ana 25 koma aphunzitsi amasintha teremu iliyonse chifukwa cha malipiro, palibe anandiuzapo chinthu cholunjika chonchi.

Kwa amene mukuganiza zosamutsa mwana, pitani kaye mukaone nokha nthawi ya sukulu osati Loweruka, funsani ngati amalowa onse m'mawa kapena ena masana chifukwa sukulu zina za m'tauni zimasinthana zipinda, funsani kuti chaka chatha sitandade 8 anasankhidwa angati ndipo anapita kuti, ku national, ku boarding ya boma kapena ku CDSS, sekondale zoyendera za m'dera zija, musangomva zoti tinakhoza bwino. Mugulireni botolo la madzi, kachitenje koyala, makope olimba chikuto chifukwa olembera pa bondo sachedwa kuthothoka, ndipo dzina lilembedwe pa chilichonse mpaka kapu. Madzulo muzikhala naye pansi muwerenge limodzi, kalasi ya ana 100 siingamuchitire zonse.

Ine ndamusiya pompo, September uno akulowa sitandade 5 komwe ati chizungu ndiye chimayamba mwamphamvu. Mayi ake akuti zinthu zikadzayenda tidzamubwezere ku pulaiveti, mwini wake akuti sachoka chifukwa mnzake uja atsala ndi ndani, nkhaniyo sitinaimalize. Pakadali pano agogo ake atumiza uthenga kuti holide ino abwere ku Rumphi yekha popanda ife omasulira, ndiye Lachisanu ndikukamukweza basi ya ku Mzuzu, azakhali ake akamulandira pa depoti.